Mdima wa m'filimu yoopsa umachita kuunikidwa: malangizo kwa wofuna kukhala DP wa mafilimu a ndalama zochepa

Pa mayina otuluka kumapeto kwa filimu, munthu amene tikukambayu amalembedwa kuti cinematographer kapena director of photography, koma kojambulira amangomutchula kuti DP. Dayirekitala amayang'anira nkhani ndi osewera, DP amayang'anira chithunzi: lenzi iti, kamera iime pati, kuwala kuchokere kuti, n'chiyani chibisike. M'mafilimu oopsa, a ndewu, a zigawenga ndi a zamatsenga opangidwa ndi timagulu todziimira patokha, ntchitoyi imagwiridwa ndi ndalama zoperewera, masiku owerengeka, ndipo gawo lalikulu limajambulidwa usiku.

Khomo limeneli si lonyozeka. Dean Cundey anajambula Halloween mu 1978, filimu ya madola pafupifupi 300,000 yomwe anaijambula m'masiku pafupifupi 20. Mu 1993 munthu yemweyo ndiye anali DP wa Jurassic Park. Filimu yoopsa imatha kugulika popanda wosewera wotchuka, choncho opanga ake salimbana n'kufuna DP wa dzina. Amafuna woti mantha aoneke pa sikirini ndipo zithunzi za tsikulo zithe dzuwa lisanatuluke.

Polowera

Musayambe n'kugula kamera pa ngongole. Pezani gulu limene likujambula, kaya filimu yaifupi, kanema wa nyimbo kapena wa malonda, mupemphe ntchito ya pansi. Makomo alipo awiri. La kamera mumayamba ngati second AC (wothandiza wachiwiri pa kamera), womenya slate (kabolodi kolembapo nambala ya chithunzi), wotchaja mabatire ndi wonyamula mabokosi a malenzi, kenako n'kukwera kukhala first AC, wokoka focus, woonetsetsa kuti chithunzi chikhale chakuthwa. La magetsi mumakhala pansi pa gaffer, mkulu wa zounikira, kukoka zingwe ndi kuimika masitandi.

Kwa wofuna mafilimu oopsa, lowerani la magetsi. Mabatani a kamera mutha kuwadziwa m'sabata imodzi, ndipo chaka chamawa kukhala kutabwera kamera ina. Koma kudziwiratu kuti nyali ya mawati 300 yoimikidwa mamita 10 kuseri kwa mtengo wa mango ichita chiyani pa tsaya la munthu kumabwera chifukwa chonyamula nyaliyo kambirimbiri. Masiku amene kulibe ntchito, jambulani timafilimu tanu ta mphindi 3 mpaka 5, m'chipinda chimodzi, osewera awiri, usiku umodzi.

Manambala oyenera kukhala m'mutu

Filimu imajambulidwa pa zithunzi 24 kapena 25 pa sekondi, shuta, nthawi imene chithunzi chilichonse chimalandira kuwala, ili pa 1/48 kapena 1/50 ya sekondi. Apa ndi pamene ambiri amagwera. Magetsi a ku Malawi, Zambia, Mozambique, Zimbabwe, South Africa ndi Britain ndi a 50Hz, ndipo machubu ndi mababu a LED otchipa amaphethira ka 100 pa sekondi. Diso siliona, kamera imaona. Mukatengera masetingi a anthu a ku America, kumene magetsi ndi a 60Hz, n'kuika shuta pa 1/60, mupeza mizere yakuda ikutsetsereka pa chithunzi, ndipo kuichotsa pa kompyuta ndi chintchito. Jambulani pa 25 ndi 1/50. Ngati opanga filimu akakamira pa 24, ikani shutter angle (shuta yoyezedwa m'madigiri) pa 172.8, imene imakupatsani 1/50 yomweyo.

Apecha, kabowo ka mu lenzi kolowetsa kuwala, imayenda chonchi: f/1.4, 2, 2.8, 4, 5.6, 8, 11, 16. Kuchoka pa nambala imodzi kupita pa yotsatira ndi stop imodzi, ndipo kuwala kolowa kumatsika ndi theka. Mafyuluta a ND, magalasi ochepetsa kuwala kolowa mu lenzi, amawerengedwanso m'ma stop: 0.3 imadya imodzi, 0.6 ziwiri, 0.9 zitatu, 1.8 zisanu ndi imodzi. Masana pa dzuwa mufuna ND yamphamvu kuti musathawire ku f/16 kapena kukweza shuta.

ISO ndi muyeso wa mmene kamera imamvera kuwala, ndipo kamera iliyonse ili ndi ISO yake imene imajambula bwino. Sony FX3 pa S-Log3, kajambulidwe ka Sony kosiya mitundu kuti idzakonzedwe pa kompyuta, ili nazo ziwiri, 800 ndi 12,800. Blackmagic Pocket 4K ili ndi 400 ndi 3,200, ndipo gawo lake lachiwiri limayambira pa 1,250, n'chifukwa chake chithunzi cha pa 1,000 chimatuluka ndi mchenga (timadontho toipitsa chithunzi) wambiri m'malo amdima kuposa cha pa 1,250. Dziwani pamene kamera yanu imadumphira, musamangokweza pang'onopang'ono.

Mtundu wa kuwala umayezedwa m'ma Kelvin. Nyali ya tungsten (ya babu la kawaya koyaka) ndi 3,200K, masana ndi 5,600K, kandulo ili cha m'ma 1,900K. Ndipo lamulo limene mudzaligwiritsa ntchito usiku uliwonse ndi ili: mukawirikiza kawiri mtunda wa pakati pa nyali ndi munthu, kuwala komufika kumatsala kotala chabe, ndiye kuti ma stop awiri apita.

Werengani sikiripiti ndi wotchi m'manja

Tsamba limodzi la sikiripiti ndi pafupifupi mphindi imodzi pa sikirini. Masamba 90 m'masiku 18 ndi masamba 5 pa tsiku. Pa maola 12 a ntchito chotsani ola lotsitsa katundu, ola la chakudya ndi ola lolongedza, atsala 9, omwe ndi mphindi 540. Ngati mndandanda wa dayirekitala uli ndi malo 25 oimika kamera, alionse ali ndi mphindi zosakwana 22, ndipo m'mphindi zimenezo muli kusuntha kamera, kukonza kuwala, kuyeserera ndi kujambula kangapo. Samuyi muichite pamaso pa dayirekitala ndi producer, woyang'anira ndalama za filimu, musanavomere ntchito. Mukaichita tsiku lachitatu muli kumunda, mwachedwa.

Samu imeneyi ndiyo imakuuzani kagwiridwe ka ntchito. Unikani chipinda chonse kamodzi, osati chithunzi chilichonse pachokha. Jambulani zonse zoyang'ana mbali imodzi, kenako mutembenuke kamodzi kokha, chifukwa kutembenuka kulikonse n'kusamutsa nyali, masitandi ndi anthu. Pa mndandanda wa zithunzi chongani zimene nkhani singamveke popanda izo, muyambe ndi zimenezo. Zokometsera zidikire.

Gwirizanani ndi dayirekitala za mulifupi wa chithunzi. Cha 2.39:1 chimasiya malo aakulu opanda kanthu pambali pa wosewera, ndipo woonera amangoyang'anayang'ana pamenepo kudikira chinthu. Malenzi atatu ndi okwana: 24mm, 35mm kapena 50mm, ndi 85mm.

Kukaona malo

Pitani pa ola lomwe mudzajambule. Onani kotulukira ndi kolowera dzuwa. Kuno kwathu chisisira sichichedwa: dzuwa likalowa muli ndi mphindi zongopitirira 20 kusanade bii, choncho chithunzi cha madzulo chimayesereredwa masana n'kungodikira nthawi.

Werengani masoketi, muone bokosi la magetsi la nyumbayo. Mawati ndi mavoti kuchulukitsa ndi ma amp. Pa 230V, pulagi ya 13A imanyamula mawati pafupifupi 3,000. Nyali ya tungsten ya mawati 2,000 yokha imakoka pafupifupi ma amp 9, ndiye ziwiri pa ekisitenshoni imodzi zipsereza fyuzi kapena kusungunula chingwe. Chingwe chokulungidwa pa gudumu lake chimatentha, chitambasuleni chonse ngakhale mukufuna mamita ochepa.

Magetsi a m'nyumba musawadalire okha. Jenereta ya 5kVA imapereka mawati pafupifupi 4,000, ndipo muisenzetse osapitirira 3,000. Iikeni mamita 30 mpaka 50 kuchoka pojambulira, kuseri kwa khoma, apo ayi wojambula mawu adzakudani. Isalowe m'nyumba kapena m'garaja yotseka, utsi wake umapha mwakachetechete. Jenereta wamba mphamvu yake imakwera n'kutsika, ndipo ma LED ena amaphethira nayo. Ya inverter ndiyo yabwino.

Kenako anthu. Gulu loyenda usiku ndi zikwanje, zinyawu za labala ndi mabotolo a magazi abodza likhoza kuona zakuda ngati mudzi sunauzidwe. Mu 2017 mphekesera za anamapopa ku Mulanje, Phalombe ndi maboma oyandikana nawo zinaphetsa anthu. Kaonaneni ndi amfumu ndi apolisi a m'deralo masiku angapo zisanachitike, muonetse zida zanu masana, ndipo mulembe ganyu anyamata awiri kapena atatu a pamudzipo. Za kumanda, kumene olemba mafilimu oopsa amakukonda, dziwani kuti m'madera a Achewa manda ali m'manja mwa mfumu ndipo kawirikawiri ndi komwenso kuli dambwe. N'chapafupi kuumba mitumbira inayi pa munda wobwereka n'kuzika mitanda yamatabwa.

Tsiku loyesa

Pemphani tsiku limodzi musanayambe. Muimike wosewera wamkulu atavala zovala zake ndi zodzola zake. Jambulani pa kuwala koyenera, kenako tsitsani stop imodzi, ziwiri, zitatu, mukwezenso imodzi ndi ziwiri. Kaoneni pa sikirini yaikulu, mupeze pamene nkhope yayamba kusanduka matope. Amenewo ndi malire anu a filimu yonse. Tsiku lomwelo yesani magazi, chigoba cha chilombo ndi utsi, mupangenso LUT imodzi, kafayilo kopatsa chithunzi mitundu imene mukufuna, yoti aliyense aziona pa monita.

Kujambula usiku

Wophunzira akauzidwa kuti chithunzi chikhale cha mdima, amazimitsa nyali n'kukweza ISO. Zotsatira zake ndi chithunzi chotuwa, chamchenga, chosaoneka maso a munthu. Mdima umene woonera amauopa ndi wakuda bii umene wagundana ndi chinthu chowala. Popanda chowalacho palibe chimene diso lingayerekezere.

Yambani ndi "mwezi". Tengani nyali yanu yamphamvu kuposa zonse, muikweze mamita 5 kapena kuposa, pa denga, pa nsanja ya thanki la madzi kapena pa sitandi yopsinjidwa ndi matumba a mchenga. Ikhale kumbuyo kwa osewera, chapambali pang'ono, kuloza chakumene kuli kamera koma osalowa mu lenzi. Ikhale kutali. Nyali ya pafupi imachititsa kuti munthu akasuntha masitepe atatu achoke pa kuwala kothobwa m'maso n'kulowa mu mdima, pamene ya pa mamita 20 imamusunga mofanana bwalo lonse. Nyaliyo ikhale pa 5,600K, kamera pa 3,800K kapena 4,000K, kuwalako kuoneka kwa buluu mozizira. Mwezi weniweni suli wa buluu, ndi chizolowezi cha m'mafilimu basi, ndiye musachite kunyanya mpaka anthu kuoneka ngati ali pansi pa nyanja.

Chachiwiri, unikani zakumbuyo: thunthu la mtengo, khoma la nkhokwe, mpanda wa udzu. Nyali ziwiri zazing'ono zogunda zinthu zimenezi cham'mbali zimapatsa chithunzi kuya, ndipo munthu wodutsa patsogolo pake amaoneka ngati mthunzi wodziwika bwino ngakhale iyeyo simunamuunike.

Chachitatu ndi nkhope. Musaiwombe ndi nyali kuchokera pa kamera. Gunditsani kuwala pa nsalu yoyera kapena pa polystyrene, kubwerere kofewa, kotsika ndi ma stop awiri kapena atatu poyerekeza ndi mwezi uja. Onjezani kanyali kakang'ono pafupi ndi lenzi, kofooka kwambiri, kongoti maso anyezimire. Maso akazima, mantha a wosewera saoneka. M'nyumba ya makoma oyera vuto ndi losiyana: kuwala kumadumphadumpha mpaka mithunzi yonse kutha. Pachikani nsalu yakuda mbali imene kamera sikuona, imwe kuwalako.

Nyali zooneka m'chithunzi, monga koloboyi, kandulo kapena tochi ya foni, zimauza woonera kochokera kuwala, koma pazokha n'zofooka. Bisani ka LED kofiirira kuseri kwa koloboyiyo kapena m'munsi mwa tebulo, kachokere mbali yomweyo. Panja, thirani madzi pa msewu kapena pa simenti kuti pansi pazinyezimira.

Tsopano msampha wa monita. Mukakhala maola atatu mu mdima, maso amazolowera ndipo monita imaoneka yowala kuposa mmene chithunzi chilili. Mumatsitsa kuwala, m'mawa n'kupeza zonse zili bii. Chepetsani kuwala kwa monita, mudalire waveform kapena false colour, zida za pa monita zoyeza kuwala kwenikweni kwa chithunzi. Pa S-Log3, khadi lotuwa la 18%, loyezera kuwala, limayenera kugwera pa 41%. Jambulani mowalirapo kuposa mmene mukufunira, mudzadetse pa kompyuta. Kudetsa kumabisa mchenga, kuwalitsa kumauvundukula. Ndipo kumbukirani woonera weniweni: ambiri adzaonera pa foni, masana, mu minibasi.

Apecha yotsegula kwambiri imanyenga. Lenzi ya 50mm pa f/1.4, pa kamera ya full frame (ya sensa yaikulu), munthu ali pa mamita 2, malo akuthwa ndi masentimita pafupifupi 13 okha. Wosewera amene akuthawa chilombo sangakhale m'masentimita 13. Unikani kuti mufike pa f/2.8, pamene malowo amawirikiza kawiri, wokoka focus wanu apume.

Ngati malo ndi aakulu, monga dambo kapena phiri, ndipo nyali zanu sizingakwane, jambulani masana musandutse usiku. Dzuwa likhale kumbuyo kwa osewera, thambo lisalowe m'chithunzi, tsitsani kuwala ndi stop imodzi ndi theka kapena ziwiri. Chimene chimaulula bodza ndi thambo loyera, komanso tochi kapena moto, zomwe masana sizioneka mphamvu.

Khungu lakuda, magazi ndi utsi

Malangizo ambiri a pa intaneti analembedwa poganizira khungu loyera. Khungu lakuda silifuna kuthiridwa kuwala kochuluka, limafuna chinthu chachikulu chowala choti linyezimiritse. Nsalu yoyera ya mamita 2 mbali zonse yowalitsidwa kuseri, yoikidwa cham'mbali, imajambula mphumi, tsaya ndi chibwano ngakhale kuwala kuli kochepa. Uzani wodzola asaphe kunyezimira konse ndi paudala. Timafuta pang'ono, kapena madzi osakaniza ndi glycerine a thukuta, n'zothandiza. Woyera ndi wakuda akakhala m'chithunzi chimodzi, wakudayo ayandikire nyali. Malaya oyera mbee amaba diso n'kupsa pa chithunzi. Aviikeni mu tiyi wopanda mkaka dzulo lake, kamera idzawaonabe oyera.

Magazi: kapu imodzi ya golden syrup, masupuni aang'ono awiri kapena atatu a utoto wofiira wa zakudya, supuni yaikulu imodzi ya koko, dontho limodzi la utoto wa buluu, ndi timadzi tofewetsera. Popanda koko amaoneka ngati juwisi. Pa kuwala kofiira magazi amasowa, pa kwa buluu amada ngati oyilo, choncho apatseni kuwala koyera pang'ono kochokera kumbuyo kuti kunyowa kwake kuoneke. Amaitana nyerere ndi njuchi, musawasiye pansi. Chovala chothiridwa magazi chikhale ndi zinzake ziwiri zofanana nacho, apo ayi muli ndi mwayi umodzi wokha. Kamera ivale pulasitiki, lenzi ivale fyuluta yoyera.

Utsi wa makina umaoneka ukaunikidwa kuchokera kumbuyo. Mukauunika kutsogolo chithunzi chimangotuwa. Upopeni, muukupize ndi katoni, mudikire mphindi imodzi kapena ziwiri ukhazikike, ndipo munthu mmodzi aziyang'anira kuti kuchuluka kwake kuzifanana, chifukwa zithunzi ziwiri zotsatizana, china cha utsi china chopanda, sizilumikizika. Musawotche matayala kapena mapulasitiki.

Chilombo cha ndalama zochepa chimafa ndi kuwala kwa kutsogolo: msoko wa labala ndi guluu zimaonekera. Chiunikeni m'mphepete mokha, muonetse dzanja, phewa, theka la nkhope, kwa masekondi awiri.

Kuyendetsa kamera, ndewu ndi zida

Kamera yongoima pa tripod, yoyang'ana khomo nthawi yaitali, imaopsa kuposa yogwedezeka. Iyendetseni pokhapokha pali chifukwa. Zida zodula si zofunika nthawi zonse: opanga The Evil Dead ya 1981 anamangirira kamera pakati pa thabwa, anthu awiri n'kugwira uku ndi uku n'kumathamanga nayo m'nkhalango. Njinga ya olumala pa simenti yosalala imagwira ntchito ya dolly, ngolo yoyendetsera kamera.

Chibakera cha m'filimu sichifika pa nkhope. Chimadutsa masentimita 20 kapena 30 patsogolo pake, ndipo kamera imaima kumbuyo kwa mmodzi wa omenyanawo kuti mpatawo ubisike. Lenzi ya 50mm kapena 85mm imapanikiza mtunda, n'kuoneka ngati chafikadi. Mukaima cham'mbali ndi 24mm, aliyense aona kuti wamenya mphepo. Shuta ya 1/100 imapangitsa ndewu kuoneka yakuthwa ndipo imagwirizanabe ndi magetsi a 50Hz, koma imadya stop imodzi. Chimodzimodzi kujambula pa zithunzi 50 pa sekondi kuti mudzachedwetse. Jambulani mzere m'maganizo pakati pa omenyanawo, kamera ikhale mbali imodzi ya mzerewo. Mukaudumpha, amene amathamangira kumanja aoneka akubwerera kumanzere, ndipo woonera asokonezeka kuti akuthamangitsa mnzake ndani.

Pa 21 October 2021, Halyna Hutchins, DP wa zaka 42, anaphedwa ndi chipolopolo chenicheni pojambula filimu ya Rust ku New Mexico. Mfuti ikaloza ku kamera, amene ali kuseri kwa kamerayo ndinu. Pa filimu yaing'ono palibe chifukwa chobweretsera mfuti yeniyeni. Gwiritsani ntchito ya labala kapena ya pulasitiki, moto wa kukamwa kwake adzauika pa kompyuta, inu mungophethiritsa LED pa nkhope ndi pa khoma nthawi yowombayo. Fulashi ya kamera ya zithunzi imathamanga kwambiri moti pa makamera ambiri imangowalitsa theka la chithunzi. Zikwanje ndi mipeni zikhale za matabwa opentedwa kapena za labala, chenicheni chizingoonekera pa chithunzi chapafupi pomwe palibe akuchizunguza. Tulo nato ndi nkhani ya chitetezo: pakati pa kuweruka ndi kuyambanso pakhale maola osachepera 10, ndipo woyendetsa galimoto ya katundu m'bandakucha asakhale amene wachezera kukoka zingwe.

Zodzawonjezera pa kompyuta

Pa chithunzi chilichonse chimene adzaikapo mzukwa kapena kufufutapo chingwe, khomani kamera isasunthe, ndipo mukatha jambulani malo omwewo opanda munthu kwa masekondi 10, kuwala kusanasinthe. Lembani lenzi, apecha, kutalika kwa kamera kuchoka pansi ndi mtunda wofika pa wosewera. Ngati kamera ikuyenda, matani timitanda ta tepi pa khoma. Pa nsalu yobiriwira, wosewera atalikire mamita 2 kapena 3 kuti ubiriwiri usamudumphire pa khungu, ndipo nsaluyo ikhale yokokedwa bwino, yowala mofanana paliponse.

Makhadi

ProRes 422 HQ, mtundu wina wa fayilo ya kanema, pa 4K ndi zithunzi 25 imadya pafupifupi 330GB pa ola. Maola awiri pa tsiku kwa masiku 18 ndi pafupifupi 12TB, ndipo pafunika makope atatu, limodzi lizigona nyumba ina. Producer auzidwe mtengo wa ma hard drive asanagawe ndalama. Ngati sangakwanitse, tsikirani pa codec (mtundu wa fayilo) yopepukirapo, koma makope asachepe.

Khadi losungira zithunzi likatuluka m'kamera limatidwe tepi yofiira ndi nambala. Kukopera kuchitike ndi pulogalamu yotsimikizira kuti fayilo iliyonse yafika yonse, monga Clone Tool ya mu DaVinci Resolve, osati kungokoka ndi mbewa. Munthu atsegule mafayilo angapo aone ndi maso. Pokhapo tepi ichoke, khadi lifufutidwe, ndipo lifufutidwire m'kamera momwemo.

Mitundu, mgwirizano ndi dzina lanu

Pokonza mitundu mukhalepo. Wokonza amene sanali kojambulira akaona mdima amauwalitsa, ndipo zonse munabisa zija, msoko wa chigoba ndi sitandi ya pakona, zimatulukira. Mukatha, onerani pa sikirini yabwino, pa TV wamba ndi pa foni. Ikani kachidutswa pa YouTube mwachinsinsi kuti muone mmene malo amdima akuphwanyikira.

Mgwirizano ulembedwe, ngakhale ndi mnzanu wa kusukulu. Mulembemo malipiro a pa tsiku, lendi ya zida zanu payokha, chiwerengero cha masiku ndi maola, wolipira chida chikawonongeka, mmene dzina lanu lidzalembedwere, kukhalapo kwanu pokonza mitundu, ndi ufulu wogwiritsa ntchito zidutswa za filimuyo posaka ntchito ina. Pemphani gawo la ndalama musanayambe. Mawu akuti "tidzakulipirani filimu ikagulidwa" muwamve ngati pempho loti mugwire ulere, ndipo muvomere pokhapokha ngati zithunzizo mukuzifuna inuyo. Musanavomere, funsani ngati producer ameneyu anamalizapo filimu ina, ndiponso ngati ndalama zolumikizira ndi kukonza mawu zilipo. Mafilimu ambiri ang'onoang'ono amathera mu hard drive, ndipo filimu yosatuluka siikutengerani kulikonse.

Lendi ya nyumba idzachokera ku maukwati, makanema a nyimbo, malonda ndi ntchito za mabungwe. Palibe chamanyazi, ndi mmene ma DP ambiri amadyera pakati pa filimu ina ndi inzake. Kungoti musadzaze kalendala mpaka kusowa masabata atatu otsatizana filimu ikapezeka.

Reel yanu, kanema wamfupi woonetsa zidutswa za ntchito zanu, isapitirire mphindi ziwiri, ndipo chithunzi champhamvu kuposa zonse chikhale choyamba, chifukwa ambiri saonera mpaka kumapeto. Musadzaze ndi za drone ndi kulowa kwa dzuwa. Dayirekitala wa filimu yoopsa akufuna kuona nkhope ya munthu usiku, chipinda chimodzi chojambulidwa mbali zingapo kuwala kosasintha, ndi kachigawo kamodzi kathunthu kokhala ndi mawu. Mafilimu a mtundu umenewu ali ndi zikondwerero zawozawo, monga Sitges ku Spain imene inayamba mu 1968, Fantasia ku Montreal, Fantastic Fest ku Austin ndi FrightFest ku London, ndipo zimalandiranso mafilimu aafupi. Limbikitsani dayirekitala atumize.

Tsiku lomaliza kujambula, anthu asanabalalike, tengani hard drive yanu mukopere zidutswa zimene mgwirizano ukukulolani, pamodzi ndi LUT ndi zolemba za kamera. Lembaninso manambala a foni a gaffer, wokoka focus ndi wojambula mawu, pakuti ntchito yotsatira nthawi zambiri imadzera mwa iwowa. Mukadikira kuti mudzapemphe filimu ikatuluka, mutha kudikira zaka ziwiri, ndipo chimene adzakutumizireni ndi kafayilo kopanikizidwa ka pa WhatsApp.